Bowo la Pampanda wa a Makaniko

"Achemwali, madzi akachoka kwa a Makaniko n'kulowa m'nyumba mwathu, amakhala athu kapena amakhalabe awo?"

Chitsiriza anafunsa funso limeneli atakhala pabedi, miyendo atapinda kuopa matope. Tsabola, mlongo wake wamkulu, sanadzutse mutu n'komwe. Anali atawerama, akukapa madzi ofiira pansi ndi chigubu chodula pakati n'kumathira mundowa.

"Ndi awo," anayankha mokalipa. "Ndipo tsiku lina ndidzawabwezera onse. Kweza bulangetelo, likukhudza pansi."

Dzina loti Tsabola anamupatsa ndi anzake a kusekondale, chifukwa pakamwa pake pankawawa, ndipo pakamwa pakalephera manja sankachedwa kuthandiza. Ankakhala ndi amayi ake, amene anthu ankangowatchula kuti a Telala, ndi kamlongo kakeko, m'nyumba ya zidina ya zipinda ziwiri. Chipinda chakutsogolo chinali cha makina osokera, chakumbuyo n'chimene ankagona onse atatu.

Dera lawo linamangidwa pamtsetse wa phiri, kunja pang'ono kwa mzinda. Kumtunda kunali miyala, pakati dothi lofiira lomata, kumunsi dambo ndi kamtsinje kodzaza mapepala apulasitiki. M'chilimwe kunkakhala fumbi lokhalokha, lolowa mpaka m'mano, ndipo nyengo imeneyo anthu ankakondana. Ankabwerekana mchere, kupalirana moto, kulererana ana. Koma mitambo ikangoyamba kusonkhana pamwamba pa phiri, moni ankayamba kufupika.

A Telala ankanena kuti pamene ankabwera kudzamanga, panali mitengo ndi khwawa lalikulu limene linkatenga madzi onse kuchokera kuphiri kukawatula kudambo. Kenaka anthu anayamba kubwera. Amene anali ndi puloti anaidula pawiri, wogulayo anaidulanso, wina n'kumanga pamene panali chimbudzi cha mnzake. Khwawa lija analikwirira ndi zinyalala n'kumangapo nyumba. Pamene pankakhala banja limodzi tsopano panali mzere wa zitseko, chilichonse ndi mbaula yake ndi ana ake.

Madzi atalandidwa njira yawo, anayamba kuyenda m'makomo mwa anthu. Ndiye panabadwa chizolowezi. Mvula ikayandikira, nyumba iliyonse inkadzaza mchenga m'matumba n'kuwandanda mopingasa, kuti madzi akhote apite kwa wotsatira. Wotsatirayo nayenso ankawakhotetsa. Palibe ankadziona wolakwa, chifukwa aliyense anali ndi wina kumtunda kwake womulakwira. A Telala nawonso anali ndi matumba awo amene ankatumiza madzi kwa a Dalaivala a kumunsi, koma nkhani imeneyo m'nyumba mwawo sinkakambidwa.

Chaka chimenecho a Makaniko, aneba awo a kumtunda, anasintha zinthu. Anawonjezera zipinda za lendi, bwalo lonse anathira simenti kuti galimoto za makasitomala zisamatitimire, n'kumanga mpanda wautali wa njerwa kuzungulira puloti. M'munsi mwa mpandawo anasiya bowo limodzi, kukula kwake ngati mutu wa munthu. Bowolo linayang'ana ndendende khoma lakumbuyo la a Telala, ndipo pakati pake panali kampata koti munthu n'kudutsa cham'mbali. Madzi onse a m'madenga ndi a pasimenti ankatulukira pamenepo ngati mpopi waukulu, n'kumamenya m'munsi mwa khoma. Zidina zinayamba kusungunuka. Mng'alu unakwera kuchokera pansi mpaka pawindo, ndipo Chitsiriza ankatha kulowetsamo chala.

Madzulo a tsiku limenelo a Telala anavala mpango wawo n'kupita kukalankhula ndi a Makaniko. Tsabola anawatsatira ngakhale anamuuza kuti atsale.

A Makaniko anali kunsi kwa galimoto, miyendo yokha ikuoneka. Akazi awo ankachapa pafupi ndi thanki.

"Aneba, mwaswera bwanji?" anatero a Telala.

"Taswera," mawu anachokera kunsi kwa galimoto.

"Ndabwerera bowo lija. Likundigwetsera nyumba. Anawa amagona kukhoma limenelo."

A Makaniko anadzikoka n'kutuluka, akupukuta manja ndi chisanza. Anali munthu wamkulu thupi, wosakonda zolankhulalankhula, ndipo nkhope yawo inkaoneka yotopa.

"Mayi, madzi amenewo sindinawalenge ine. Amachokera kumtunda, amandipeza pano monga amakupezerani inu. Ndikawasunga, alowa m'mainjini a eni ake. Mukufuna ndiwamwe?"

"Sindinati muwamwe. Ndati muwapezere njira ina."

"Auzeni akwere phiri!" akazi a Makaniko analowerera, akufinya malaya. "Munthu umange nyumba ngati khola la nkhuku, ndiye uzidandaula mvula?"

"Khola limenelo ndinamanga ndi manja angawa," anatero a Telala. "Inu pano munamangapo chiyani, kupatula milomo?"

Beseni la madzi a sopo linauluka n'kuwathira a Telala kumaso. Asanapukute n'komwe, anali atawagwira kale anzawo tsitsi. Anagwera limodzi pasimenti, kukandana, kung'ambirana mabulauzi. Anthu a lendi anatuluka m'zipinda, ana anakwera pampanda akukuwa. A Makaniko analowa pakati n'kuwakoka a Telala paphewa. Kaya anafuna kuwakankha kaya ankangoleretsa, palibe angalumbire. Manja awo anali ndi oyilo, pansi panali sopo. A Telala anapepesuka n'kugwa chafufumimba, pakamwa n'kumenyetsa painjini yakale imene inali pakona.

Atadzuka, magazi anali chuchuchu pachibwano. Analavulira m'dzanja, ndipo m'malovumo munali dzino.

Tsabola sanakumbukire bwino zimene anachita. Anangodzipeza ali pamsana pa a Makaniko, mano atamiza paphewa pawo. Bamboyo anabangula, n'kumukutumula ngati thumba, mtsikana n'kukagwera pamatayala. Anthu a lendi anawagwira onse awiri, mayi ndi mwana, n'kuwatulutsa pageti.

Kunyumba, akutsuka pakamwa ndi madzi a mchere, a Telala analankhula movutikira.

"Usapitekonso. Wandimva?"

"Ndiye tizingoyang'ana?"

"Ndati usapitekonso. Tikawauza akuluakulu a dera."

Akuluakulu a dera Tsabola ankawadziwa. Nawonso anali ndi matumba pakhomo pawo.

Loweruka m'mawa mlomo wa a Telala unali utatupa, tsaya likutentha, moti anapita kuchipatala. Atangokhota pakona, Tsabola anayamba ntchito. Kwa a Makaniko sanapite, poti anamuletsa. Analowa m'kampata kaja, mbali yawo. Anatenga thumba la mchenga n'kulikankhira m'bowo, n'kulisinja ndi mtengo mpaka linalimba. Anatsekera miyala m'mbali, n'kumata ndi dothi. Pomaliza anakoka chipika chimene ankakhalira pakhonde, mbali imodzi anatsamiza pathumba, mbali inayo pakhoma la nyumba yawo, n'kuchikhomerera ndi mwala kuti chisasunthe.

Anaimirira thukuta lili kamukamu, n'kuyang'ana ntchito yake. Mumtima mwake munali mbee.

Masana kunatentha moti malata ankalira okha. Nkhuku zinayasamula kukamwa m'mithunzi. Kenaka mphepo inabwera ikuulutsa mapepala, kuphiri kunada bii, ndipo anthu anayamba kuthamanga kukaanula zovala ndi kukonza matumba awo. Madontho oyamba anali akuluakulu ngati miyala. Posakhalitsa munthu sankatha kuona nyumba ya patsidya pa njira.

"Kwera pabedi," Tsabola anamuuza Chitsiriza. "Usatuluke, ngakhale umve phokoso lanji."

Iye anatenga fosholo n'kukaima pakhomo pa kampata, mvula ikumukwapula. Bowo linali zii. Ngakhale kadontho.

"Achemwali!" Chitsiriza anakuwa pawindo. "Lero m'nyumba ndi mouma!"

Tsabola anaseka. Kuseri kwa mpanda ankamva anthu a lendi akukuwa, ndowa zikugundana, mayi wina akulira kuti matiresi ake. Zinamukomera. Sanaone kuti m'mizere ya njerwa madzi anali atayamba kutuluka ngati thukuta, ndiponso kuti mpanda unali utatupa pakati ngati mimba.

A Makaniko anatulukira akuthamanga, atazungulira kunjira, opanda nsapato, m'manja muli chitsulo chachitali chochotsera matayala.

"Iwe mwana! Wachita chiyani? Madzi afika m'chiuno uko!"

"Amweni," anatero Tsabola.

"Choka! Mpandawu sungapirire, ugwa!"

"Ugwe. Si wanu?"

"Ukugwera kuno, chitsiru iwe! Choka nditsegule!"

Tsabola anamva mawu oti chitsiru okha. Anaona chitsulo chija, anaona dzanja lomwe lija linagwetsa amayi ake. A Makaniko atamugwira pamkono kuti amuchotse, anawaponda pachala, iwo n'kumuwaza mbama imene inamuzunguza mutu n'kumugwetsera m'matope. A Makaniko anawerama kuti alowe m'kampata. Tsabola anadzuka, anagwira fosholo ndi manja awiri, n'kuitsitsa ndi mphamvu zake zonse.

Inawapeza cham'mbali mwa mutu, pamwamba pa khutu. Phokoso lake linali ngati munthu waswa dzungu. Bambo wamkulu uja anagwada, chitsulo chinagwa, kenaka anagona cham'mbali. Magazi anasakanikirana ndi madzi a mvula n'kumayenderera kutsika njira.

"Wapha! Wapha munthu!" akazi a Makaniko anafika akukuwa, kumbuyo kwawo anthu a lendi atanyowa mpaka m'chifuwa. Mnyamata wina wa lendi anamugwira Tsabola pakhosi n'kumukanikizira kukhoma. Anthu a kumunsi, amene anatuluka atamva phokoso, sanafunse kuti yayamba bwanji.

"Akumtunda atizolowera!"

"Chaka chilichonse tizimwa zonyansa zawo?"

Mwala woyamba unaswa windo la chipinda cha lendi. Wachiwiri unamupeza mayi wina pamphumi. Anthu amene m'chilimwe ankapalirana moto anayamba kuthidzimulana ndi zikuni, ndi mabotolo, ndi matumba omwewo a mchenga. A Dalaivala, munthu wofatsa wokonda kupatsa ana masiwiti, anali atakwera pachifuwa pa mnzawo akumukhoma zibakera. Tsabola ankamenyedwa kumaso, m'mimba, ndipo nayenso ankamenya aliyense amene dzanja lamufikira.

Kenaka kunamveka kulira kwina, kosachokera pakamwa pa munthu. Kunali ngati nsalu yaikulu ikung'ambika. Mpanda unawerama pang'onopang'ono, ngati ukuganiza kaye, n'kugwa wonse nthawi imodzi. Chipika chija chinaboola khoma la zidina ngati msomali. Njerwa, madzi, matayala ndi migolo zinatsanukira panyumba ya a Telala, khoma lakumbuyo linalowa m'kati, denga n'kukhala pansi mbali imodzi.

Madzi anagwetsa anthu n'kuwakokolola mpaka pamatumba a a Dalaivala. Pamene ankadzuka, aliyense anali atataya chimene anali nacho m'manja.

Tsabola ndiye anayamba kukuwa.

"Chitsiriza! Chitsiriza ali m'kati!"

Anathamangira pamulu n'kuyamba kufukula ndi zala. Zikhadabo zinathyoka, iye osamva. Anthu anabwera, a kumtunda ndi a kumunsi, n'kumachotsa njerwa. Pansi penipeni anamva kamawu kakulira mofooka. Koma pamwamba pa bedi panagona chigawo chachikulu cha mpanda, chathunthu, cholimba ndi simenti. Amuna anachigwira, anawerenga, ananyamula. Chinangosuntha pang'ono n'kubwerera, ndipo mwana anakuwa mokweza.

"Lekani! Mumuphwanya!"

Anali a Makaniko. Anali atadzuka, atatsamira mkazi wawo, theka la nkhope lili psuu, diso limodzi litatsekeka. Ankalankhula mokuwa kwambiri ngati munthu amene sakudzimva.

"Musanyamule ndi manja. Iwe, thamanga ukatenge majeki, onse awiri. Iwe, matabwa aja ali kuseri kwa thanki. Fulumirani!"

Anagwada m'matope pafupi ndi Tsabola, osamuyang'ana. Anayala thabwa pansi kuti jeki isatitimire, anaikhazika, n'kuyamba kupopa. Magazi ankadontha pachitsulo, dzanja linkaterereka, koma sanaleke. Chigawo chija chikakwera pang'ono, ankalamula kuti alowetse njerwa kunsi kwake. Kawiri konse anaima n'kutseka diso, anthu n'kumaganiza kuti akomoka. A Dalaivala anagwira jeki inayo, manja awo akadali otupa ndi zibakera.

Mpata utakwana, a Makaniko anayang'ana anthu onse, kenaka anamuyang'ana Tsabola.

"Iwe ndiye wochepa thupi. Lowa chokwawa. Usamukoke miyendo, umugwire m'khwapa. Ukamva chikulira, usabwerere m'mbuyo, ingofulumira."

Tsabola analowa. Munali mdima, matope akumufika pachibwano. Anapapasa mpaka anagwira kadzanja kozizira. Bedi linali litathyoka pakati, ndipo chitsulo chake n'chimene chinatchinga mutu wa mwanayo.

"Achemwali," ananong'ona Chitsiriza, "sindinatuluke. Munati ndisatuluke."

Tsabola anamugwira m'khwapa n'kuyamba kubwerera chafutambuyo. Atatulukira kunja, amayi ena anatembenuka kuyang'ana kumbali. Mwendo wamanzere wa mwanayo unali utapindika pamene mwendo supindika.

Anawatengera kuchipatala pagalimoto ya kasitomala wina, a Dalaivala akuyendetsa. Kumbuyo anagoneka awiri, mwana ndi a Makaniko, ndipo Tsabola anakhala pakati pawo atagwira mutu wa mlongo wake. Pageti la chipatala anakumana ndi a Telala akutuluka, mankhwala awo ali m'manja.

Amayi ake sanamumenye. Sanamukalipirenso. Anamva nkhani yonse ali chiimire m'khonde la chipatala, n'kungofunsa kuti, "Chipikacho unachitsamiza pakhoma lathu?" Tsabola atavomera, anakhala pansi pomwepo n'kuphimba nkhope ndi mpango. Tsabola akanakonda akanamumenya.

Chitsiriza anamuika chikhakha kuyambira m'chiuno mpaka kuphazi, ndipo adokotala sanafune kulonjeza kuti adzayenda mowongoka. A Telala ankagona kuchipatala komweko. Tsabola anatsala yekha m'chipinda chakutsogolo, pamene panali khoma atatchingapo ndi malata. Galimoto iliyonse ikaima panjira, ankaganiza kuti apolisi afika. Sanabwere. Kudikirako kunamulemera kuposa kumangidwa, moti tsiku lina m'mawa anadzuka n'kukwera yekha pamulu wa njerwa. Panalibenso geti loti agogode.

A Makaniko anali atakhala pathayala, mutu wokulungidwa ndi bandeji, akuyang'ana injini ya galimoto yodzaza matope. Akazi awo atamuona Tsabola anaimirira, koma bamboyo anakweza dzanja, mayiyo n'kulowa m'nyumba akung'ung'udza.

Tsabola anagwada chapatali. "Bambo, ndabwera kudzapepesa."

"Ukuti chiyani? Zungulira mbali iyi. Khutu ilo unalitseka bwino kuposa bowo lija."

Tsabola anazungulira. "Ndati ndinalakwa. Ngati mukufuna kupita kupolisi, tipitire limodzi. Sindithawa."

A Makaniko anasiya kuyang'ana injini ija n'kutembenukira kwa iye.

"Mwana ali bwanji?"

"Akudya. Za mwendo adokotala sakudziwa."

"Nanga amayi ako?"

"Kutupa kwachepa."

A Makaniko anagwedeza mutu pang'onopang'ono, ngati ukuwawa. "Kupolisi ndikanena za khutu, iwo andifunsa za dzino. Akandifunsa za dzino, andifunsanso kuti bowolo analiloza pakhoma la anthu ndani. Ndinkauona mng'alu uja tsiku lililonse ndikakwera pathanki. Ndinkangoti si khoma langa." Anatola kachidutswa ka njerwa n'kukaponya pamulu. "Koma usaganize kuti ndakukhululukira lero. Khutu limeneli ndimamvera nalo mainjini. Zimenezo zitenga nthawi."

"Ndamva, bambo."

Kuphiri mitambo inali itayambanso kusonkhana. Onse awiri anaiyang'ana.

"Mvula ibweranso imeneyo," anatero a Makaniko. "Ndipo tsopano palibe mpanda, palibe khoma. Ilowa mpaka pamakina a amayi ako." Anaimirira movutikira n'kuyenda m'malire mwa mapuloti awiriwo, akuloza ndi phazi. "Ndiswa simenti kuyambira apa mpaka apo. Mbali yanga ndipereka malo a ngalande, njerwa zagwazi tiyalamo. Koma ikafika kwanu iyenera kudutsa pamene pali matumba anu aja."

"Ndiye madzi apita kwa a Dalaivala."

"Eya. Monga amapitira chaka chilichonse."

Tsabola anayang'ana matumba awo, atandandana mopingasa, kukamwa kwa mzere wake kutaloza pakhomo pa a Dalaivala. Anawadzaza yekha matumba amenewo, ndipo sanaganizepo n'kamodzi komwe kuti madziwo akakhota amakagona kuti.

"Ndiwachotsa," anatero. "Ndikawapempha amayi, ndikawapemphanso a Dalaivala kuti ngalande ipitirire m'mbali mwawo mpaka kumsewu. Akakana ndidzapitanso."

"Akakana usatenge chilichonse m'manja."

"Sinditenga."

A Makaniko anamuyang'ana ndi diso lawo limodzi lotseguka, nthawi yaitali, kenaka anatambasula dzanja lakuda ndi oyilo.

"Mvera tsono. Ine sindiikanso njerwa ngakhale imodzi pampanda uwu mpaka khoma la amayi ako litaima, ndipo dontho la pabwalo panga silidzagundanso nyumba yanu. Iwe, tsiku limene udzaone madzi akuchita zachilendo, usadzatseke kanthu. Udzabwere udzandiuze."

Tsabola analandira dzanjalo ndi manja awiri.

"Ndidzabwera, bambo," anatero, ataima mbali ya khutu lakumva. "Ngakhale mutakhala kuti simukundilankhula, ndidzabwera."